Dzina Limene Cacilda Anasunga

Mukafika pamsika wa pa Milange n'kufunsa za mayi wogulitsa nyemba, akuonetsani amayi khumi. Koma mukati mukufuna Cacilda, palibe amene angakufunseni kuti Cacilda wake uti. Ndi uja amakhala pansi pa mtengo wa mango, kufupi ndi poimika njinga, wamtali, wamawu ngati a mwamuna, amene amakudzazirani chitini mpaka nyemba kutayikira pansi uku akukukalipirani kuti mwabwera ndi thumba lobooka. Zaka zake zapitirira makumi asanu. Anzake onse a msinkhu wake anasiya kalekale kuitanidwa ndi mayina awo. Uyu ndi amake Gelson, uyo ndi amake Edmundo, winayo anafika kale pa agogo ake a uje. Iye yekha adakali Cacilda, ngati kamtsikana ka kusukulu. Sikuti anthu amamuchitira mwano ayi, koma alibe dzina la mwana loti amuitanire.

Anabadwira cha ku Majaua. Nkhondo inawathamangitsira kutsidya, ku Muloza, iye ali wamng'ono, ndipo pakamwa pake pa malonda anapanolera komweko. Mtendere utabwera anawoloka ndi mlongo wake Adérito, mtolo pamutu, koma ku Majaua sanakakhalenso. Anakhazikika kunja kwa tauni, moyang'anana ndi phiri la Tumbine, n'kumalima chimanga, nyemba ndi nandolo. Kumeneko ndiye anakwatiwa ndi Paulino, wokonza njinga, munthu wa mawu ochepa. Anthu ankati banjalo linayenerana, chifukwa mawu a m'nyumba yonse ankayankhula ndi Cacilda.

Mu 1998 anaima. Nthawi itakwana zinthu zinavuta, ndipo anamutengera kuchipatala ku Mocuba pa lole ya matumba a chimanga. Anabadwa mwana wamkazi, amene anakhala ndi moyo masiku awiri okha. Tsono mwana womwalira mchombo usanagwe alibe dzina, alibenso maliro. Amakamuika amayi okhaokha mwakachetechete, ndipo iwe make amakuuza kuti usalire mokweza, ungatsekere njira ena obwera m'mbuyo. Cacilda anali kutali ndi kwawo, wopanda mbale woti amugwire dzanja. Panali namwino wina wachitsikana wa ku Quelimane, wosadziwa Chinyanja n'kamodzi komwe, ndipo Cacilda naye Chipwitikizi chake chinkathera pa moni. Koma namwino ameneyo anamusambitsa, anamupesa tsitsi, anamubweretsera tiyi m'kapu yakeyake, n'kukhala naye pabedi osanena kanthu. Tsiku lotuluka, Cacilda anadziloza pachifuwa n'kutchula dzina lake. Namwinoyo anadzilozanso n'kunena kuti, "Kátia."

Dzina limenelo anali asanalimvepo chibadwire. Analibwereza chamumtima njira yonse ya ku Milange kuopa kuliiwala, ndipo pofika kunyumba anali atatsimikiza kuti mwana wake wamkazi wotsatira adzakhala Kátia. Linali dzina lake, analipeza yekha, ndipo analigula ndi misozi.

Akuluakulu sanali opusa pamene anati dzina la mwana salitchula mwana asanabadwe. Iwo amati n'kuitana tsoka. Zoona zake n'zakuti n'kuitana akuba. Cacilda anali ndi mnzake woyandikana naye nyumba, Filipa, amene anakulira limodzi kumsasa wa othawa nkhondo, ndipo nthawi imeneyo Filipa anali ndi pakati pa miyezi isanu ndi iwiri. Tsiku lina akupeta nandolo pabwalo, mtima wa Cacilda unasefukira, n'kumuuza mnzakeyo zonse, za tiyi, za chipeso, ndi dzina lomwe. Filipa analira naye, kenako anatchula dzinalo kawiri pang'onopang'ono ngati akulawa ndiwo. Patapita miyezi iwiri Filipa anabereka mtsikana, ndipo tsiku lotuluka m'chikuta Cacilda anamva ali kudimba kuti mwanayo ndi Kátia.

Anasiya khasu pomwepo n'kupita.

"Iwe Filipa, wachita chiyani?"

"Nanga ndikanatani, mnzanga? Lakoma dzinali," anatero Filipa akuyamwitsa, wopanda ndi manyazi omwe. "Iwenso ukadzabereka udzatche lomweli. Dzina si mchere kuti litha."

Cacilda sanaberekenso. Anamwa mizu yowawa ya mitundumitundu, anapita kwa asing'anga a mbali zonse ziwiri za malire, anasala kudya, koma ayi ndithu. Paulino anadikira zaka zisanu ndi chimodzi, kenako tsiku lina anati akukagula masipoko ku Limbuli, ndipo masipokowo akuwagulabe mpaka lero. Kumeneko ali ndi ana asanu. Cacilda anatsala m'nyumba yake, ndipo m'mawa uliwonse ankamva anthu akuitana kuseri kwa mpanda kuti, "Amake Kátia! Amake Kátia muliko?" Ankakukuta mano n'kupitiriza kusesa.

Likanathera pa Filipa yekha, mwina zikanapiririka. Koma dzina lokoma lili ngati mbewu ya chinangwa, aliyense wodutsa amathyolako kamtengo. Mlamu wake wa Filipa anatcha wake, mkazi wa mphunzitsi anatcha wake. Kenako magetsi anafika m'makomo, anthu anagula ma TV n'kumaonera masewero a ku Brazil, ndipo dzinalo linachita kusefukira. Kunali Kátia wa Filipa, Kátia wamfupi, Kátia wa kuchigayo, Kátia wa bambo wa njinga yamoto. Mphunzitsi wina ankachita kuwapatsa manambala m'kalasi. Ukaitana pachitsime, mitu itatu inkatembenuka. Cacilda ankawawerenga onsewo mokwiya, ndipo atafika pa khumi ndi anayi anasiya. Chomwe chinkamupweteka kwambiri n'chakuti palibe ndi mmodzi yemwe mwa amayiwo ankadziwa kuti dzinalo linalowa m'mudzimo pa lole ya chimanga, lili mumtima mwa mayi wobwera chimanjamanja.

Adérito ndi mkazi wake atamwalira motsatizana, anasiya mtsikana wa zaka khumi ndi ziwiri, Lucrécia. Cacilda anamutenga. Anamulera ndi nyemba zomwezo, anamuphunzitsa mpaka kalasi ya khumi, anamukalipira kokwanira ana atatu. Anthu ankamuyamikira kuti mwana wa mnzako ngwako yemwe, koma pomuitana mtsikanayo ankati mwana wa malemu Adérito, ndipo Lucrécia naye ankati titiya, monga amaitanira azakhali kumeneko. Atakula anakwatiwa ndi Harrison, Mmalawi wa ku Mulanje amene ali ndi golosale ya zitenje, sopo ndi mabeseni pafupi ndi chipata cha malire. Ndi munthu wabwino, wosamwa, wosamenya, koma wokonda kufotokozeredwa chilichonse. Ngakhale mvula ikagwa amafuna adziwe chifukwa chake.

Chaka chatha mu Febuluwale, mvula ili pakati, Lucrécia anachira kudzera pa opareshoni. Mwana anali wamkazi, wonenepa bwino, wamawu ngati Cacilda yemwe. Harrison anali atapita kukapikula katundu ku Limbe, ndiye amene ankadikirira wodwala anali Cacilda. Adokotala anamuitanira pafupi ndi bedi n'kuwauza awiriwo kuti magazi anavuta kwambiri, ndipo kuti apulumutse moyo wa mayi anachotsa chiberekero. Mwana ameneyu ndiye woyamba, ndiyenso wotsiriza.

Adokotala atachoka, Lucrécia anagwira chitenje cha azakhali akewo.

"Titiya, musawauze bambo ake. Ndidzawauza ndekha bala likapola. Ndapota nanu."

Cacilda anavomera. Sanafunse chifukwa, pakuti onse awiri ankaidziwa njira ya ku Limbuli.

Harrison atafika, chimwemwe chinamupitirira. Atamva kuti apongozi ake anagona pansi pasimenti masiku anayi, ananena pamaso pa anthu kuti, "Amayi, kwathu mwana woyamba amatcha a kuchimuna. Koma uyu mumutche ndinu." Cacilda anangoti zikomo n'kutuluka panja. Zaka makumi awiri ndi zisanu! Ma Kátia a anthu ena anali atakwana khumi ndi anayi n'kupitirira, ena anali atabereka kale, koma zimenezo analibe nazo ntchito. Uyu anali wa m'nyumba mwake, ndipo wina sadzabweranso.

Anatuluka m'chipatala Lolemba. Tsiku lomwelo kunafika mlongo wake wamkulu wa Harrison, Ethel, mphunzitsi wa kutsidya, atanyamula chikwama cha matewera ndi nkhope yosonyeza kuti za kutcha dzinazo wazimva ndipo sizinamukomere. Madzulo ake, Harrison anakhala pampando pakhonde atayang'ana kumbali, monga achitira mkamwini waulemu, ndipo Cacilda anakhala pamphasa pafupi ndi chitseko.

"Amayi, dzina lija tidziwiretu, kuti tsiku lotuluka m'chikuta tisadzadzidzimuke."

Cacilda anazengereza. Anali atapsapo kale ndi kamwa lake. Koma mwana anali atabadwa, ndipo wofunsayo anali bambo wake, ndiye anatchula.

Ethel anaseka mpaka kugwira khoma. "Kátia? Amayi, pamsewu uno wokha ndapatsidwa moni ndi ma Kátia atatu. Winayo amagulitsa makala."

"Achemwali, taimani," anatero Harrison. "Amayi, musandimve molakwa. Mawu ndinapereka, sindibweza. Koma kwathu dzina limanena kanthu. Mukamva Mavuto mumadziwa kuti pakhomopo panali zovuta. Mukamva Chimwemwe simufunsanso. Nanga Kátia ndiye kuti chiyani? Mwanayu akadzakula n'kundifunsa, ndidzamuyankha kuti chiyani?"

Zaka zonsezi Cacilda anali asanaganizepo kuti dzinalo lingakhale ndi tanthauzo lina kuposa kapu ya tiyi ija. Ndipo nkhani ya ku Mocuba, ya uchembere ndi ya mwana woikidwa ndi amayi, sikanatheka kuikamba pamaso pa mkamwini. Zimenezo sizichitika.

Ethel anatulutsa foni, anaikanda ndi chala, n'kuwerenga monyada. "Akuti ndi la ku Russia. Ndi chidule cha dzina lina lalitali. Ndipo apa alemba kuti ngakhale ophunzira sagwirizana kuti linachokera pa mawu ati. Mwamva? Ku Russia! Mwana wa pa Milange pano."

"Foni yanuyo inabatizapo mwana?" anafunsa Cacilda, mawu atakwera kale. "Ine ndikalipeza tanthauzo lake kwa anthu, osati m'kagalasi. Mchombo usanagwe ndibwera nalo."

"Mukabwera nalo lomveka, lochokera kwa munthu wodziwa, dzina ndi lomwelo," anatero Harrison. Ankanena zoona, ndipo kunena zoona kwakeko n'kumene kunkakwiyitsa kwambiri.

Lachiwiri m'mawa Cacilda anameza malovu owawa n'kupita kwa Filipa. Zaka zonsezi ankangopatsana moni wa pamsewu, koma anaganiza kuti munthu amene waitanidwa amake Kátia kwa zaka makumi awiri ndi zisanu ayenera kuti anafunsapo. Anamupeza akusenda chinangwa, zidzukulu zili piringupiringu.

"Tanthauzo?" Filipa anaseka. "Ukufunsa ine? Ine ndinamva kwa iwe!"

"Ndiye unangotola n'kumuveka mwana, osadziwa kuti n'chiyani?"

"Nanga iwe unkadziwa? Khala pansi, udye chinangwa. Mwana ali bwanji? Mchombo wafika pati?"

"Za mchombo si zako," anatero Cacilda, n'kutembenuka.

Pamsika anafunsa Francisca, mtsikana wogulitsa tomato pafupi naye, amene Kátia wake anali kumsana. Francisca anati analitenga pa TV, kwa mkazi wina wokongola wa tsitsi lofika m'chiuno ndi galimoto yofiira. Anawonjezera kuti atabatiza kale mwana, mkazi wa pa TV uja anathira mwamuna wake mankhwala m'chakudya, koma nanga akanatani. Cacilda anamuuza kuti ali ndi mutu wa nkhuku. Anapita kutchalitchi, n'kupeza kuti abambo mfumu ali kumsonkhano ku Gurúè mpaka sabata yamawa. Mlembi wa parishi, atamva nkhaniyo, anati munthu wodziwa zimenezo ndi a Vasco, katekisiti wakale uja, chifukwa ali ndi buku la mayina a oyera mtima. Koma a Vasco anapuma ntchito, ndipo amakhala kumudzi kwawo kupitirira Majaua.

Lachitatu m'mamawa Cacilda anavundukula mwana n'kuyang'ana mchombo. Unali utada, utauma, koma unali chigwirire. Anawerenga pamtima kuti utenga masiku anayi, mwina asanu. Anawerengera pati? Wakewake uja sanafike pamenepo, ndipo masiku a chikuta a ana a anzake iye ankapezeratu chochita kudimba. Mayi aliyense wa pamsewupo akanangoyang'ana kamodzi n'kumuuza kuti mayi, musapite patali. Filipa anachita kumufunsa yekha. Koma mayi wa zaka makumi asanu akafunse kuti mchombo umagwa liti, kuti mudzi wonse ukumbukirenso kuti iye sanalerepo khanda? Safunsa adadya phula. Anamufunditsa mwanayo, anauza Lucrécia kuti abwera mawa madzulo, n'kukakwera shapa, minibasi ya ku Majaua.

Msewu wa ku Majaua nthawi ya dzinja si msewu, ndi dimba. Shapa inatitimira koyamba, amuna anatsika n'kukankha. Inatitimira kachiwiri, amayi nawonso anatsika. Kachitatu dalaivala anazimitsa injini n'kuyamba kudya chimanga chootcha, ndipo Cacilda atamufunsa kuti anyamuka liti, anayankha kuti afunse mitambo. Anamutukwana m'Chinyanja, anamumaliza m'Chilomwe cha mayi ake, n'kuyamba kuyenda pansi nsapato zili m'manja. Tsiku limenelo anagona kwa msuweni wake pa Majaua. Foni yake inali itasanduka tochi, netiweki kunalibe.

Kwa a Vasco anafika Lachinayi dzuwa lili pamutu. Anali nkhalamba yowonda, ya magalasi omangidwa ndi ulusi, yosadziwa kuti padziko pali changu. Anayamba afunsa za malemu Adérito, za mvula ya ku Milange, za mtengo wa nandolo, za denga la tchalitchi. Anaitanitsa chinangwa chophika n'kudikira kuti mlendo adye. Cacilda ankatafuna ngati akutafuna mkwiyo wake womwe. Atatha zonsezo m'pamene anamva chimene Cacilda anadzera, analowa m'nyumba n'kutulutsa buku lokutidwa ndi nsalu ya thumba la ufa.

Anatsegula, anayendetsa chala, anatseka, anatsegulanso pena.

"Kátia mulibe muno, mwana wanga."

Mtima wa Cacilda unagwa.

"Mulibe chifukwa ndi kamwana ka dzina lina. Dzina lenileni ndi Catarina, ili apa. Anthu a ku Russia akamukonda Catarina wawo, pomuitana mwachikondi amati Kátia, monga ife timachepetsera dzina la mwana tikamamunyengerera. Za chiyambi chake chenicheni anthu amatsutsana, koma Akhristu akale ankalimva kuti likunena woyera, wopanda banga." Anavula magalasi n'kumuyang'ana. "Ine ndalembetsa ubatizo ma Kátia oposa makumi atatu. Wobwera kudzafunsa ndinu woyamba."

Cacilda anakumbukira kamwana kake ka masiku awiri kaja, kopanda dzina, kopanda banga, ndipo misozi imene anamuletsa ku Mocuba inatuluka pakhonde la a Vasco, mokweza, nkhuku mpaka kuthawa. Nkhalambayo sinamutonthoze. Inang'amba pepala m'kope n'kulemba zonse ndi zilembo zikuluzikulu, m'Chinyanja ndi m'Chipwitikizi, n'kusainira pansi kuti mkamwini wokonda umboniyo akhutire. Cacilda anakulunga pepalalo m'pulasitiki n'kulimanga pa mfundo ya chitenje. Anali wosangalala kuposa tsiku la ukwati wake.

Akutsanzika, mvula inayamba. Inagwa Lachinayi lonselo, inagwa Lachisanu, kamtsinje ka panjira kanadzaza mpaka kubisa mlatho, ndipo panalibe shapa kapena njinga yamoto imene inayerekeza. Cacilda anangotha kubwerera pa Majaua, ndipo anakhala pakhonde la msuweni wake akuyang'ana madzi ndi kudzilimbitsa mtima kuti mchombo uja unali wogwira ndithu, anauona ndi maso ake. Loweruka madzi ataphwera anawoloka atakweza chitenje, anakwera njinga yakabaza, kenako lole ya makala, ndipo pa Milange anatsika dzuwa litapendeka, matope mpaka m'mawondo.

Ali patali anaona matewera atayanikidwa pachingwe. Atayandikira anaona Lucrécia atakhala panja, pakhonde, mwana ali pamiyendo. Panja! Kamutu ka mwanayo kanali kometedwa bwinobwino. Cacilda anaima pachipata, ndipo sanafunikire womuuza.

Lucrécia ndiye anayamba kufotokoza. Mchombo unagwa Lachitatu lomwelo, titiya atangochoka, nthawi yosambitsa mwana masana. Anaimba foni kosawerengeka. Anadikira Lachinayi lonse. Amayi akuluakulu a pamsewupo, ndi Filipa yemwe, amene anaitanidwa kudzameta mwana, anati khanda logwa mchombo silikhala masiku atatu m'nyumba lopanda dzina. Ethel naye ankayenera kuwoloka Lachisanu, ana asukulu ankamudikira. Ndiye Lachisanu m'mawa anamutulutsa mwana, ndipo atafunsa kuti wotcha dzina ali kuti, Ethel anaimirira. Anamutcha Tiwonge, dzina la kwawo kwa mayi awo kumpoto, lotanthauza kuti tithokoze.

"Amayi Filipa anayesa kunena kuti titchuliretu lanu lija," anatero Lucrécia. "Koma alamu anati tanthauzo silinabwere."

Ndiye kuti pa anthu onse amene analipo, womenyera nkhondo dzina lake anali wakuba uja. Cacilda sanadziwe kuti akwiyire ndani. Ethel anali atawoloka, mvula inali itasiya, ndipo wotsala yekha woti amutukwane anali iye mwini.

Harrison anatuluka m'nyumba, n'kugwada chapatali atagwira chipewa.

"Amayi, mwafika? Pepani kwambiri. Tinadikira ndithu, Mulungu ndi mboni. Koma amayi aja anatipanikiza."

Cacilda anamasula mfundo ya chitenje, anatulutsa kapulasitiki kaja n'kukaika pansi pakati pawo. Harrison anatola, anafutukula pepalalo n'kuwerenga pang'onopang'ono, mbali ya Chinyanja kenako ya Chipwitikizi, mpaka siginecha ya a Vasco.

"Woyera, wopanda banga," anatero. "Amayi, ili ndi dzina labwino zedi. Tinalakwa kuliseka. Mwayenda ulendo wonsewu chifukwa cha ife." Anapinda pepalalo mosamala n'kuliika m'thumba la malaya. "Ndilisunga ine. Wotsatira akadzakhala wamkazi ndi Kátia, palibenso zokambirana, ngakhale achemwali anene zotani. Ndipo sitichedwa ayi. Uyu akangoyamba kuyenda, mudzamva."

Anaseka, kuseka kwa munthu woyera mtima amene akuganiza kuti wakonza zinthu.

Mawu anakwera pakhosi pa Cacilda onse pamodzi. Wotsatira wake uti? Mukudziwa chimene anachotsa adokotala inu muli ku Limbe kuwerenga mabeseni? Anali mawu oona, ndipo akanamutsitsa mkamwiniyo pamodzi ndi tanthauzo lake. Cacilda sanazolowere kumeza mawu, msika wonse ukudziwa. Anatsegula pakamwa. Koma Lucrécia anali atamuyang'ana, nkhope itatuwa, dzanja limodzi litagwira pabala, linalo litakumbatira mwana mwamphamvu ngati wina akubwera kudzamulanda nyumba yonse.

"Ndamva, apongozi," anatero Cacilda. "Ndidikira."

Harrison anawomba m'manja mwaulemu, anadzuka, n'kupita kukatseka golosale.

Atatsala awiri, Lucrécia anayamba kulira. "Titiya, pepani. Ndinalibe mphamvu zolimbana nawo."

"Khala chete, ungang'ambe bala. Ndipatse madzi ndisambe m'manja."

Anasamba matope, anapukuta manja pa chitenje, anakhala pamphasa n'kutambasula miyendo. Lucrécia anamupatsa mwanayo. Anali wofunda, wolemera, akununkhira sopo wa m'golosale ya bambo ake. Cacilda anavundukula pamimba n'kuyang'ana pamene panali mchombo. Panali patapola bwino.

"Mwati dzina lake ndani?"

"Tiwonge."

"Tiwonge," anatero Cacilda. Linamuvuta pakamwa, linali lachilendo ngati nsapato yobwereka. Analitchulanso kachiwiri, kenako kachitatu, kuti lilime lizolowere, pakuti mwana wina woti adzamuitane panalibe.